Amalume Anga Anali Goloboyi, Koma Umboni Ndilibe

Mwezi wathawu tinaika m'manda amalume anga kwathu kwa Champiti. Tsiku losesa, amayi anatulutsa sutikesi ya malemuwo kuti abale aone zimene zinalimo. Munali masatifiketi, Baibulo lothetheka m'mbali, ndi chithunzi chimodzi chopanda mtundu: anyamata 14 atavala majezi, ena ataima, ena atanjuta, pakati pawo amalume atakumbatira mpira. Ndinachitembenuza. Kumbuyo kulibe dzina ngakhale limodzi, chaka palibe, malo palibe.

Tonse tinakula tikumva kuti amalume anali goloboyi wa timu ya pa koleji ya aphunzitsi kumene anaphunzira. Akalawa pang'ono ankatiuza za penate imene anagwira pa fainolo, ife n'kumaseka kuti madala ayamba kuwonjezera mchere. Palibe mmodzi wa ife amene anatenga kope n'kulemba. Ineyo, amene ndimadzitcha wolemba pa tsamba lino, sindinalembe. Ndiye poyamba chala ndikudziloza ndekha.

Patapita masabata awiri ndinanyamula chithunzicho kupita ku koleji ija. Dzina lake sinditchula, chifukwa nthenda yake si ya sukulu imodzi. Bambo wa mu ofesi anandilandira bwino, anachiyang'anitsitsa, n'kunena kuti, "Achimwene, za mpira sitisunga." Anandilozera kabati ya galasi m'khonde. Munali zikho zitatu zadzimbiri, chimodzi chopanda chogwirira, china akusungiramo mastepula. Bwalo limene amalume ankadumphapo, theka lake ndi munda wa chimanga. Ndinabwerera ndi chithunzi changa, osadziwa ngakhale dzina la mmodzi mwa anzawo 13 aja.

Tsono tamverani izi. Ku America kuli kasukulu kena kotchedwa Centre College, m'tauni ya Danville ku Kentucky. Amasewera mpira wawo uja wooneka ngati dzira, wothamanga nawo m'manja atavala zipewa zolimba. Pa 29 October 1921 kasukulu kameneka, kophunzira anthu mazana ochepa chabe, kanapita kukasewera ndi Harvard, imene inali itatha zaka zingapo osagonja. Centre inapambana 6 kwa 0. Amene anagoletsa dzina lake likudziwika mpaka lero: Bo McMillin. Ophunzira anasangalala mpaka kulemba ndi penti C6H0 m'makoma a m'tauni monse, ndipo chimodzi mwa zolembazo achisamala pa khoma la pasukulupo mpaka pano. Zaka zoposa 100 zapita, osewera onse anamwalira kalekale, koma mwana wongofika kumene pa Centre amauzidwa nkhaniyo.

Musandimve molakwa, sindikuti azungu amakonda mpira kuposa ife. Amene anaonerapo mpira wa pamudzi, azimayi akuthamangira m'bwalo ndi zitenje chigoli chikalowa, sanganene zimenezo. Kusiyana kwake n'kumodzi basi: iwo analemba. Analemba tsiku, zigoli, mayina. Ife tinavina, tinakuwa, n'kubwerera kunyumba.

Ndipo si nkhani ya makedzana okha ayi. Dzana lomweli Mzuni FC, timu ya Mzuzu University, inali mu TNM Super League ikulimbana ndi Bullets, Wanderers ndi Silver Strikers. Ankaitcha Green Intellectuals. Kenako inasiyana ndi yunivesite, inasintha dzina kukhala Mzuzu Warriors, ndipo sinakhalitse mu ligi yaikulu. Zifukwa za ndalama tingakangane tsiku lina. Funso langa n'lakuti: inu amene mukuwerenga pa foni, mungatchule osewera asanu a timu imeneyo? Sukulu ya m'dziko muno inafika posewera ndi zimphona za mpira wathu, chinthu chofanana ndithu ndi cha Centre chija, koma tikuiwala tikuona.

Pamene anthu omwewo, lowani mu vidiyo sho iliyonse pa Ntcheu boma Loweruka masana. Mupeza mnyamata amene sanafikepo ngakhale pa Chileka akukufotokozerani kuti Arsenal inamaliza sizoni ya 2003/04 osagonja, kuti inafika magemu 49, n'kukutchulirani Henry, Vieira, Bergkamp ngati abale ake a bere limodzi. Mufunseni amene anagoletsa pamene sukulu yake yomwe inatenga chikho cha zoni. Angokuyang'anani. Si kuti ndi wopusa. Za Arsenal anazipeza zolembedwa. Za kwawo palibe anamusungira.

Ndikudziwa zimene ena munena mu makomenti. "Aise, anthu akusowa fizi, mabuku kulibe, chimanga chakwera, iwe ukulira za mpira?" Zoona, mavutowo alipo, ndipo ine sindikupempha boma kuti limange nyumba yosungiramo zakale pa sukulu iliyonse. Ndikunena za hadikava imodzi ndi bolopeni, zotchipa kuposa bandulo imene mwatsegulira tsamba lino. Umphawi ungatilepheretse kugula nsapato zosewerera. Sungatilepheretse kulemba mayina 14 kumbuyo kwa chithunzi.

Ena muti, "Ife ndi anthu a mbiri yapakamwa." Apa mpamene ndimapsa mtima kwenikweni. Ife Angoni a ku Ntcheu tikudziwa kuti Inkosi Gomani Chikuse inaphedwa ndi atsamunda mu 1896. Tikudziwa chifukwa panali anthu amene anaitenga ngati ntchito yawo kubwereza nkhaniyo, mu ngoma, m'mabwalo, kwa adzukulu, ndipo ena anadzailemba. Mbiri yapakamwa imafuna pakamwa ndi khutu. Amalume pakamwa anali napo. Ife makutu tinawatseka ndi mahedifoni. Ndiye tisabisale kumbuyo kwa makolo, iwo ntchito yawo ankaigwira.

Ndipo musadzinamize kuti poti muli ndi foni ndiye kuti mwasunga. Zithunzi za gemu ya chaka chatha zili kuti? Zinapita ndi foni imene inabedwa mu minibasi, kapena munazifufuta kuti mupeze malo a nyimbo. Zimene munaika pa sitetasi ya WhatsApp zinafa patatha maola 24. Amalume anatisiyira chithunzi chimodzi chopanda mayina. Ifeyo tikhoza kudzasiya zero.

Taganizani: Tabitha ndi Temwa Chawinga anayambira pa mabwalo a fumbi ku Rumphi. Kinnah Phiri ndi anzake amene anatenga chikho cha East and Central Africa mu 1978 ndi 1979 sanagwe kumwamba, anadutsa m'matimu ang'onoang'ono. Sukulu ikataya mbiri ya timu yake imauza mwana aliyense wobwera kuti pano sipanachitikepo kanthu, ndipo sipadzachitika kanthu. Mwana wotere n'chifukwa chiyani angalimbikire?

Ndiye pempho langa ndi ili. Ngati muli pa koleji kapena ku sekondale, gulani kope. Gemu iliyonse lembani tsiku, timu imene mwasewera nayo, zigoli, ndi mayina onse, ngakhale a pa benchi. Pomaliza maphunziro musapite nalo kwanu, lisiyeni ku laibulale. Ngati kwanu kuli madala amene amakonda kunena kuti ankamenya chikopa, khalani nawo pansi Lamulungu likudzali, tsegulani rekoda, afunseni mayina.

Chithunzi cha amalume ndachiika m'munsimu. Ngati mukuzindikira nkhope ya bambo anu kapena agogo anu, ndilembereni. Ndikufuna ndidziwe ngati penate ija anaigwiradi.