Kodi Ndalama za Mabala a pa Muloza Zimagona Kuti?

Pali mawu amene timawamva kawirikawiri pakamwa pa anthu aulemu wawo akamakamba za pachipata cha Muloza ndi pamsika wa Limbuli. Amati malowa atukuka, ndipo umboni umene amaupereka ndi wakuti usiku sikudanso: nyale zamitundumitundu zili ng'aning'ani, zoimbira zili pokopoko mpaka tambala woyamba, mabala ali mbali iyi ndi iyo ya msewu. Amati mabalawa amalemba anthu ntchito, amapereka msonkho, ndiponso amayendetsa ndalama pamalopo. Ife tikukana kuti chimenechi ndi chitukuko. Sitikana chifukwa chodana ndi mowa ayi, pakuti makolo athu adali kufulula masese pa dima ndi paukwati, ndipo Mpingo sudanenepo kuti chikho chimodzi n'tchimo. Tikukana chifukwa tayesa kuitsata ndalamayo kuchokera m'thumba la wakumwa kufikira kumene imakagona, ndipo taona kuti pa Muloza imangodutsa ngati mlendo wofulumira.

Tiyambe ndi kumene ndalamayo imachokera. Wogwira ntchito pa esiteti amatchola tiyi pamvula ndi padzuwa, makamaka kuyambira Disembala mpaka Epulo pamene masamba achuluka. Chilimwe chikafika ambiri amauzidwa kuti abapuma kunyumba. Mnyamata wa njinga amakankha matumba a chimanga kuchokera ku Milange kudzafika nawo pa Limbuli, msana uli thukuta lokhalokha. Mlimi amagulitsa nandolo cha mu Ogasiti ndi Seputembala, nkulandira pa tsiku limodzi ndalama zoti zimusunge miyezi yambiri. Onjezanipo oyendetsa malole amene amagonera pachipata podikira mapepala a katundu, osintha makwacha ndi ndalama za ku Mozambique, ndi a ntchito za boma. Ndalama zonsezi zili ndi khalidwe limodzi: zimabwera mwa nyengo, zambiri nthawi imodzi, kenaka zii. Bala ya pa Muloza idamangidwa podalira khalidwe limeneli. Imadikira tsiku la malipiro monga mmene msodzi amadikirira nsomba pa mono.

Tsono wina angaganize kuti mwini bala ndiye amene amalemera. Tiyeni titsegule buku lake. Amapikula mowa wa m'mabotolo pamtengo umene sauika ndi iye, ndipo amaugulitsa pamtengo umene wakumwa aliyense amaudziwa pamtima. Akangokwezako pang'ono, anthu amadumpha ngalande nkulowa khomo loyandikana nalo. Mpamba wake wina udamangika m'makireti ndi m'mabotolo opanda kanthu, popeza sangapikule mowa asadabweze mabotolowo, ndipo botolo lililonse losweka pa ndewu ya Loweruka ndi ndalama yotayika. Pa phindu lochepa lotsalalo achotsepo lendi ya nyumba, magetsi, chiphaso cha ku khonsolo, mlonda, wogulitsa pa kauntala, ndi ndalama ya mwezi ndi mwezi yolipirira kanema woonetsa mpira wa ku England, pakuti bala yopanda mpira masiku ano ili ngati maliro opanda nyimbo. Magetsi akazima, mowa umafunda mufiriji ndipo anthu amathawa, choncho agule jenereta ndi mafuta ake.

Zaka zapitazi zidaonjezera katundu pamutu pake. Mu Januwale 2021, pa nthawi ya mliri wa Covid-19, boma lidalamula kuti malo omwera mowa azitsekedwa pofika 8 koloko usiku, nthawi yomwe malonda amakhala akungoyamba kumene. Mu Januwale 2022 namondwe wa Ana adaononga malo opangira magetsi a Kapichira, ndipo dziko lidakhala m'kuthimathima kwa magetsi koposa chaka chathunthu. Mu Meyi chaka chomwecho kwacha idatsitsidwa mphamvu ndi 25 peresenti, ndipo mu Novembala 2023 idatsitsidwanso ndi 44 peresenti. Pakati pa ziwirizi padagwa namondwe wa Freddy mu Malichi 2023, amene adakokolola minda, nyumba ndi milatho m'munsi mwa phiri la Mulanje, nasiya anthu ambiri ali manja lende. Mowa udakwera mtengo pamene thumba la wakumwa lidali litabooka.

Nanga akumwawo? Apa mpofunika kuima pang'ono, pakuti khalidwe lawo ndilo limaumba bala. Pali wina amene amagula botolo limodzi nkulikumbatira kuyambira mpira ukuyamba mpaka wenzulo womaliza, atakhala pampando umene mwini bala akuulipirira lendi. Pali wina amene amayamba waledzereratu kachasu kuseri kwa msika, nkubwera ku bala kudzangogwira botolo kuti anthu amuone kuti nayenso ndi munthu. Pali wa tsiku la malipiro, amene amaitanitsa mowa wa tebulo lonse, kugulira ndi anthu amene sawadziwa dzina, kanyenya pamwamba, kotero kuti malipiro a masabata angapo amatha usiku umodzi. Mawa lake amapita kwa wakatapila, ndipo mwezi wotsatira amagwirira ntchito munthu wina. Ndipo pali mtundu wachinayi umene suukambidwa mokweza: bwana wa udindo amene amamwa pangongole. Dzina lake limalembedwa m'kabuku ka pansi pa kauntala, mwezi nkutha, wina nkuthanso, koma mwini bala sangamulonjerere, chifukwa bwana yemweyo ndiye angathe kumufunsa za chiphaso, za nthawi yotsekera, kapena za makatoni ali kuchipinda. Akulu adati khoswe akakhala pamkhate sapheka. Mabala ambiri amene adatsekedwa adagwetsedwa ndi kabuku kameneka.

Funso tsono ndi ili: ngati mowa wa chilungamo supindulitsa kwenikweni, nanga bwanji mabala sakutha? Yankho lake ndi limene likutipweteka mtima. Bala imapumira kumakomo akuseri, ndipo makomowo ndi atatu.

Loyamba ndi mowa wozembetsedwa. Milange ili tsidya lina la mtsinje chabe, ndipo njira zachidule zimene zimadutsa chimanga n'zomwezo zimene zimadutsa 2M, Laurentina, Manica ndi mowa wina waukali wa ku Mozambique. Mowa umenewu ukalowa osalipira msonkho umatsika mtengo, ndiye kuti mwini bala woona mtima, amene amapikula mwa lamulo, amapikisana ndi mnzake wothamanga wopanda katundu pamutu. Bungwe lotolera misonkho la MRA lidayambitsa mu 2024 zizindikiro zomata pamabotolo, zotchedwa Kalondola, kuti mowa wolipiridwa msonkho uzidziwika. Ndi maganizo abwino. Koma chizindikiro chimagwira ntchito pokhapokha wina akabwera kudzachiyang'ana.

Lachiwiri ndi mowa waukali wotsika mtengo. Tonse tikukumbukira masacheti, timapepala tija timene mwana wasukulu ankatha kubisa m'thumba la kabudula. Boma lidawaletsa mu 2015, opanga mowawo adathamangira kukhoti, ndipo nkhani itatha mowa womwewo udangosintha chovala nkulowa m'timabotolo ta pulasitiki timene anthu amati midoli. Pa mowa umenewu wogulitsa savutika ndi firiji, savutika ndi mabotolo obweza, sadikira tsiku la malipiro, pakuti ndalama ya ganyu wa m'mawa umodzi imakwanira. Wakumwa wake ndi mnyamata wa kabaza, amene pambuyo pake amanyamula mayi ndi mwana pamsewu wodutsa malole. Ndani mwa ife amene sadaonepo mnyamata wa zaka 25 wotupa masaya ndi miyendo, wonjenjemera manja m'mawa, wooneka ngati agogo ake?

Khomo lachitatu tilitchule mosabisa, ngakhale tsamba lino limawerengedwa m'mabanja, chifukwa ana amene ali kuseri kwa khomolo adachokera m'mabanja momwemo. Kuseri kwa mabala ena kuli timazipinda. Mtsikana amauzidwa kumudzi kuti wapezeredwa ntchito yogulitsa m'sitolo kapena yophika. Akafika amapatsidwa tsache, mabotolo oti atolere ndi kachipinda, koma malipiro palibe, kapena alipo a dzina lokha. Amauzidwa kuti ndalama azipeza yekha kwa makasitomala, ndipo nthawi zina kachipindako azilipiranso tsiku ndi tsiku. Mwini bala wotere amapindula kawiri: amapeza wantchito waulere, ndiponso nyambo yosunga amuna pampando kuti agule botolo lina. Iyi ndiyo ntchito imene akutiuza kuti mabala amalemba anthu? Boma la Mulanje lili m'gulu la maboma amene kachirombo ka HIV kadafala kwambiri m'Malawi muno, ndipo palibe amene angatiuze kuti timazipinda timeneti tilibe gawo pa misozi imeneyo. Dziko lino lili ndi lamulo la mu 2015 loletsa kuzembetsa ndi kugulitsa anthu, ndipo kuyambira mu 2017 malamulo aakulu a dziko amati aliyense wosakwana zaka 18 ndi mwana. Munthu wonyenga mwana ndi lonjezo la ntchito nkumuika kuseri kwa bala ndi wa mlandu waukulu, ngakhale atavala jekete pa Sabata.

Tibwerere ku ndalama ija. Gawo lalikulu la mtengo wa botolo limakwera lole kubwerera ku Blantyre. Kumeneko kampani ya Carlsberg idatsegula fakitale yake mu 1968, ndipo mu 2016 idagulitsa gawo lake kwa Castel, kampani ya ku France. Gawo lina limapita ku boma monga msonkho. La mowa wozembetsedwa limaoloka mtsinje. Sitikuti kupanga mowa mwa lamulo ndi kulakwa. Tikungoti tisanamizane kuti ndalamayo imatsala kwathu. Chimene chimatsala pa Muloza ndi lendi ya mwini nyumba, kandalama ka mlonda, ka wowotcha kanyenya ndi ka wokazinga tchipisi pakhomo. Zimenezo nzoona, ndipo sitikuzinyoza. Koma ikani pa sikelo mbali inayo: fizi ya mwana imene sidalipidwe, thumba la feteleza limene silidagulidwe, malata amene adalonjezedwa chaka cha Freddy koma nyumba ikadali yofolera pulasitiki, mayi amene amapita kuchipatala ndi chilonda cha pankhope nkunena kuti adagwa pamwala. Ndalama yomweyo ikadalowa m'golosale, kwa telala kapena kwa mmisiri wa matabwa, ikadazungulira pamudzi kangapo isadachoke.

Malamulo alipo. Lamulo la mowa la mu 1979 limafuna kuti wogulitsa akhale ndi chiphaso, limaika nthawi zotsegulira ndi kutsekera molingana ndi mtundu wa chiphasocho, ndiponso limaletsa kugulitsa mowa kwa ana osakwana zaka 18. Mu 2017 boma lidakhazikitsanso ndondomeko ya dziko lonse yochepetsera mavuto obwera ndi mowa. Tikufunsa khonsolo imene imalandira ndalama za ziphaso: kodi chiphaso ndi risiti chabe? Wolandira ndalama ya chiphaso walandiranso udindo woyendera malowo usiku, kuona ngati botolo sitolo yasanduka bala, ngati bala yasanduka nyumba yogona alendo, ngati ili pafupi ndi sukulu, ngati pali chimbudzi, ndiponso kufunsa atsikana ali mmenemo zaka zawo ndi malipiro awo. Walira mvula walira matope. Ndipo kuyenderako kukachitika mosakondera, woyamba kupindula ndi mwini bala woona mtima uja, amene lero akulangidwa chifukwa chotsata lamulo.

Ifenso a m'mabanja achikhristu tili ndi chizolowezi chimene chiyenera kutichititsa manyazi. Nkhani ya mabala ikabuka m'mphakati kapena pachitsime, chala chimaloza atsikana. Ndiwo amatchulidwa maina oipa, ndiwo amalavuliridwa akamadutsa, ndipo apolisi akachita chipikisheni ndiwo amayamba kukwezedwa m'galimoto. Koma mwa anthu onse a m'malondawa, mtsikanayo ndiye wolandira zochepa koposa ndi wosenza zoopsa zochuluka koposa. Bambo amene amamulipira ndi mwamuna wa mmodzi wa ife. Mwini nyumba amene adamanga timazipindato, nadziwa bwino ntchito yake, mwina amakhala pampando wakutsogolo, ndipo chopereka chake timachiombera m'manja osafunsa. Wosaina chiphaso ndi mlamu wathu. Anthu amenewa timawapatsa moni ndi manja awiri.

Muloza adaonapo zazikulu. Mu 1986, nkhondo ya ku Mozambique itafika pa Milange, anthu zikwizikwi adaoloka mtsinje ali chimanjamanja, ndipo midzi ya kuno idawapatsa malo ndi chakudya kufikira mtendere utasainidwa ku Rome mu 1992. Anthu amene adatha kuchita zimenezo sangalephere kupita kwa mfumu, kwa khansala ndi ku komiti ya chitukuko cha m'dera kukapempha zinthu zowerengeka: kuti mndandanda wa mabala okhala ndi ziphaso upachikidwe poyera pamsika, kuti nthawi yotsekera ilembedwe pakhomo la bala iliyonse ndi kutsatidwa, kuti wantchito aliyense wa m'bala akhale wa zaka 18 kapena kuposerapo ndipo azilandira malipiro a ndalama osachepera amene boma lidaika, ndiponso kuti wa udindo aliyense wopezeka m'kabuku ka ngongole asaloledwe kuyendera bala imeneyo. Eni mabala amene akuti malonda awo ndi oyera asaine poyamba, pamaso pa mfumu, msonkhano wa khonsolo wopereka ziphaso za chaka chamawa usadachitike.