Piritsi la likodzo: theka limachiza, theka limangowawa

Ngati munaimapo pamzere tsiku lopereka mankhwala a likodzo pasukulu ku Malindi, mukuidziwa nkhope imene mwana amapanga piritsi lija likangokhudza lilime. Ndi lalikulu, ndipo limawawa ngati ndulu ya nsomba. Ena amameza misozi ili mbwembwembwe, ena amalavula aphunzitsi akangotembenuka. Ang'ono awo amene sanayambe sukulu nthawi zambiri salandira n'komwe, chonsecho ndi omwewo amene amayi amawakhazika m'madzi a m'nyanja pochapa ndi potsuka mbale.

Mwina simunamvepo izi: mwa mankhwala amene ali m'piritsi la praziquantel, theka lokha ndilo limapha nyongolotsi za likodzo. Theka linalo ntchito yake ndi yochepa kwambiri, koma ndilo limabweretsa kuwawa kochuluka ndi kukulitsa piritsi. Kuti timvetse zimenezi tiyenera kuyamba ndi manja athu.

Dzanja lamanja ndi lamanzere ali ndi zala zofanana, koma simungawasinthanitse. Limodzi ndi chithunzi cha linzake m'kalilole. Nsapato yakumanzere siilowa bwino phazi lakumanja. Ngakhale nkhono zili choncho. Nkhono zambiri padziko chigoba chake chimapotokera kumanja, koma Bulinus, kankhono kamene kamasunga tizilombo ta likodzo la mkodzo wa magazi, n'kamanzere: mukakagwira nsonga ili m'mwamba, khomo likuyang'ana inu, khomolo limakhala kumanzere. Musathamangire kunena kuti chigoba chilichonse chamanzere ndi Bulinus, poti m'nyanja yathu muli nkhono zina zikuluzikulu zooneka zamanzere.

Mankhwala nawonso amapangidwa ndi timagawo tosaoneka ndi maso totchedwa mamolekyu, ndipo ena mwa iwo amabadwa mapasa, wina wamanja wina wamanzere. Kulemera n'kumodzi, zopangira n'zimodzi. Koma thupi la munthu, ngakhale la nyongolotsi, limasankha ngati phazi. Praziquantel, amene anatulukiridwa ku Germany m'zaka za m'ma 1970, amatuluka m'fakitale mapasa onse awiri atasakanikirana theka ndi theka. Akatswiri amawatchula ndi zilembo R ndi S. Wochiza ndi R.

Nanga mapasa osaoneka ndi maso, ofanana kulemera, munthu angawasiyanitse bwanji? Apa ndi pamene kuwala kumalowerapo.

Kuwala kumayenda ngati mafunde. Mangani chingwe kumtengo, mugwire nsonga inayo n'kumagwedeza dzanja m'mwamba ndi pansi: funde liyenda molunjika mbali imodzi. Tsopano zungulizani dzanjalo ngati mukutakasa phala. Funde lipita kutsogolo likupota, monga mmene msodzi amapotera chingwe. Mukazunguliza kumanja lipotera kumanja, mukabweza lipotera kumanzere. Kuwala nakonso kungathe kupangidwa kuti kuziyenda mopota chotere, ndipo pachingerezi amati circularly polarized light. Ife tingoti kuwala kopota. Kuli ndi dzanja lake, choncho kukakumana ndi molekyu yokhalanso ndi dzanja, zimapatsana moni mosiyana. Mapasa a mtundu umodzi amamwa kwambiri kuwala kopotera kumanzere, anzawo kopotera kumanja. Makina akayeza kusiyanako amadziwa kuti m'botolo muli yani.

Nzeruyi si yadzulo. Mu 1815 Jean-Baptiste Biot wa ku France anaona kuti zamadzimadzi zina zochokera ku zomera zimakhotetsa kuwala kolunjika. Mu 1848 Louis Pasteur, ali ndi zaka 25, anakhala pansi ndi galasi lokulitsa zinthu n'kumatola timibulu ta mchere wina wochokera ku vinyo kamodzikamodzi, tamanja uku tamanzere uku, ndipo atatisungunula anapeza kuti gulu lina likukhotetsa kuwala kumanja, linalo kumanzere. Aimé Cotton ndiye anaonetsa mu 1895 za kumwa kuwala kopota mosiyana.

Vuto n'loti kusiyanako pa mamolekyu a mankhwala kumakhala kochepa zedi, ndipo makina okuyeza ndi odula. N'chifukwa chake masiku ano asayansi akulimbana ndi tinthu totchedwa nano. Nanomita ndi muyeso waung'ono kwambiri moti kukhuthala kwa tsitsi limodzi kumakwana mananomita pakati pa 50,000 ndi 100,000. Akaumba timibulu ta golide ta msinkhu wotere mopotoka, timayankha kuwala kopota mwamphamvu kuposa mamolekyu wamba, ndipo chiyembekezo n'choti tidzathandiza kupanga zipangizo zazing'ono zoyezera mankhwala ndi matenda. Chodabwitsa n'choti kuwala kopotako kungathenso kuumba timibuluto. Mu 2022 magazini ya sayansi ya Nature inasindikiza kafukufuku wa akatswiri a ku Jiangnan University ku China pamodzi ndi Nicholas Kotov wa ku University of Michigan. Iwo anakuza timibulu ta golide akutiwalitsa ndi kuwala kopota, ndipo atatiphatikiza ndi katemera wa chimfine cha mbalame, tamanzere tinadzutsa chitetezo cha m'thupi kuposa tamanja kutalitali.

Koma tinene mosabisa: zimenezo zinachitika pa mbewa za m'labotale. Wina akabwera pamsika ndi kabotolo kapena kanyali n'kumati ndi "mankhwala a nano" ochiza zonse, ndalama zanu zibwerere m'thumba.

Chimene chafika kale pa ana ndi nzeru yakale ija yosiyanitsa mapasa. Gulu la mabungwe lotsogozedwa ndi kampani ya Merck ya ku Germany linapanga piritsi lokhala ndi R yekha, n'chifukwa chake dzina lake ndi arpraziquantel. Ndi laling'ono, la mamiligalamu 150 pomwe lakale ndi la 600, limasungunuka m'madzi, ndipo silivuta pakamwa ngati lija. Analikonzera ana a miyezi itatu kufika zaka zisanu ndi chimodzi. Analiyesa ku Kenya ndi ku Côte d'Ivoire. Bungwe loona za mankhwala ku Ulaya la EMA linavomereza mu Disembala 2023, bungwe la zaumoyo padziko lonse la WHO linaliika pa mndandanda wa mankhwala odalirika mu 2024, ndipo mu 2025 ana a ku Uganda anayamba kulandira.

Ife tikuti boma la Mangochi liyenera kukhala kutsogolo kwa mzere wa piritsi limeneli m'dziko muno. Likodzo la mkodzo wa magazi n'lakale kunyanja, mpaka ena ankaliona ngati chizindikiro choti mnyamata wakula. Kenaka mu 2017 ofufuza a kuno kwathu ndi a ku Liverpool School of Tropical Medicine anapeza m'mbali mwa nyanja ku Mangochi nkhono ina, Biomphalaria pfeifferi, imene imafalitsa likodzo la m'matumbo, ndipo atayeza ana a sukulu anawapeza nalo. Ndiye kuti mwana wa ku Malindi akhoza kukumana ndi mitundu iwiri ya likodzo pagombe limodzi. Mwana wa zaka ziwiri satha kufotokoza. Amangochepa magazi, kuonda, kunyentchera, ife n'kumati ndi malungo osatha. Akamadzalandira piritsi loyamba ali mu Sitandade 1, nyongolotsi zakhala zikuikira mazira m'chikhodzodzo kapena m'chiwindi mwake kwa zaka.

Musatimve molakwa, makolo. Piritsi lakalelo si loipa. Lachiza anthu miyandamiyanda kwa zaka zoposa 40, ndipo mapasa a S si poizoni. Mwana wa sukulu alandire ndithu, koma adye kaye phala kapena nsima, poti kumwa ndi njala n'kumene kumakulitsa chizungulire ndi kupotokola kwa m'mimba. Wamng'ono akamakodza magazi kapena kutuluka magazi m'chimbudzi, musamuthyolere piritsi la mkulu wake, ndipo musagule la pa benchi. Mulingo wake umatengera sikelo. Pitani naye ku St Martin's kapena chipatala chimene muli nacho pafupi, akamuyeze. Dziwaninso kuti palibe piritsi, lakale kapena latsopano, limene limatchinga kuti mwana asatengenso. Madzi osambitsira khanda tungani n'kuwasunga masiku awiri, kapena muwatenthetse bwino ayambe azizira, chifukwa tizilombo tochoka m'nkhono sitikhalitsa tikasowa khungu loti tilowe.

Inu mavolontiya, ofesi ya zaumoyo siitanitsa mankhwala a ana amene siikuwadziwa. Lembani ana onse osakwana zaka zisanu ndi chimodzi m'mudzi mwanu, mudziwe amene amasamba kunyanja ndi amene anakodzapo magazi, mupereke kwa mlangizi wa zaumoyo wa dera lanu. Ndipo pamsonkhano wotsatira wa komiti ya chipatala, wina aimirire afunse kuti ana aang'onowa ndondomeko yawo ya mankhwala a likodzo ili pati, ndipo yankholo lilembedwe m'buku la msonkhano.