Alendo oyamba a Matero tikhale ife eni ake

Funsani anyamata okhala pa stage ku Matero kuti nyumba nambala 3144 ili kuti. Adzakufunsani ngati kuli maliro kapena kitchen party. Koma nyumba imeneyo, pa Monze Road, ndiyo inali likulu la UNIP kuyambira 1959 mpaka 1961. Chipani chimene chinatenga boma pa 24 October 1964 chinali kulembera makalata ake m'kanyumba wamba, pakati pa anthu onga makolo athu. Nyumbayo ili pa mndandanda wa malo a mbiri amene National Heritage Conservation Commission imasunga. Ife timangopitirira tili mu minibasi, maso pa foni.

Chimene tifuna kukamba lero ndi ichi: Lusaka ifunika maulendo a tsiku limodzi, okhala ndi wotsogolera amene adziwa nkhani ya malo, oyambira mu komboni ndi kuyendetsedwa ndi achinyamata a mu komboni. Ndipo makasitoma oyamba asakhale azungu a makamera. Tikhale ife.

Tinakula ndi nzeru yakuti tourism ndi Livingstone, ndi mathithi a Mosi-oa-Tunya, ndi mzungu wa kabudula ku South Luangwa. Ulendo wa sukulu unali wa ku Munda Wanga kukaona nyama. Manje takula, ulendo ndi wa ku Siavonga ndi cooler box, kapena kukajambulitsa pa East Park. Palibe choipa pamenepo. Koma zatizoloweretsa kuganiza kuti chinthu choyenera kuona chili kutali ndipo ndi chodula, kuti kwathu kuno kuli chabe fumbi mu September ndi matope mu January.

Mvetserani kondakita akamaitana. "George! George!" "John Laing!" "Marrapodi!" Tsiku ndi tsiku amakuwa mbiri ya mzinda uno, ife nkumangomva za chenji. Pamene atsamunda anasamutsa likulu kuchoka ku Livingstone kubwera kuno mu 1935, anajambula mzinda wa misewu ikuluikulu ndi mitengo ya mthunzi, wa iwo okha. Munthu wakuda anali kuloledwa m'tauni monga wanchito chabe, chitupa chili m'thumba. Nyumba zovomerezeka zinali zochepa, motero eni mafamu ndi makontrakita ozungulira tauni anali kulola anthu kumanga tinyumba ta dothi pa malo awo, ena nkumalipiritsa lendi. Malo otere pa Chizungu anali compound, lilime lathu linati komboni, ndipo dzina la mwini malo linakhalira pomwepo. George anali George Hadjipetrou, Mgiriki woumba njerwa. Marrapodi anali Giovanni Marrapodi wa ku Italy, wootcha laimu. Chawama poyamba inali Roberts compound. Misisi akuti ndi "Mrs" uja wa Chizungu, mai amene anali mwini malowo.

Ufulu utabwera zitupa zinatha, anthu anakhamukira m'tauni, ndipo makomboni anakula popanda kupempha chilolezo kwa munthu. Kwa zaka zambiri boma linali kuwaona ngati malo ofunika kugwetsa. Mu 1974 ndi pamene lamulo linawavomereza, ndipo ndalama za World Bank zinathandiza kudula misewu ndi kuika mapaipi a madzi mu George ndi mu Chawama. Mabanja ena anasiya nyumba zawo kuti msewu upite, nakamanganso kumbali. Kalingalinga inatsatira m'ma 1980 ndi thandizo la ku Germany. Ambuya amene mumagulako tomato pa kantemba mwina ndi mmodzi wa amene anakumba ngalande za nthawi ija. Nkhani iyi ilibe chipilala, ilibe chikwangwani. Ili m'mitu ya okalamba.

Tiyerekeze Loweruka limodzi. Minibasi imodzi yobukidwa tsiku lonse, aliyense waponyako kake. Tiyambira pa 3144, ndipo wotsogolera, mwana wa m'Matero momwemo, afotokoza kuti atsamunda analetsa chipani cha ZANC mu March 1959 ndi kumanga atsogoleri ake, kuti a Mainza Chona ndiwo anagwirizira chipani chatsopano mpaka a Kaunda anatuluka m'ndende mu January 1960. Kuchoka apo si patali kufika ku Heroes Acre, kunja kwa Independence Stadium, kumene kuli manda 30 a anthu amene anafa pa ngozi ya ndeke kufupi ndi Libreville ku Gabon mu April 1993. Ndi angati a ife amene tinalowapo mu Heroes Stadium kukaonera bola kapena kwaya, koma sitinayendepo mapazi ochepa aja kukawerenga maina? Godfrey Chitalu ali pamenepo, Alex Chola, Efford Chabala, Wisdom Chansa, Kelvin Mutale. Kalusha Bwalya sanali m'ndekemo chifukwa anali kusewera ku PSV Eindhoven ku Netherlands ndipo anayenera kukakumana ndi anzake ku Senegal. Mwana amene adziwa chabe ma penalty a 2012 ayenera kuimirira pa manda aja kuti amvetse chifukwa chake akuluakulu analira usiku uja, chikho chitatengedwa mu Libreville momwemo.

Pa Freedom Statue sitikhalitsa. Onse tinamuona pa ndalama za mapepala munthu woduladula maunyolo uja, koma ndi ochepa adziwa kuti chipilalacho ndi cha 1974 ndipo chinatengera nkhani ya munthu weniweni, Zanco Mpundu Mutembo. Pomwepo wotsogolera angatchulenso Mama Julia Chikamoneka, amene mu 1960 anavula pamaso pa nduna ya ku Britain, Iain Macleod, pofuna ufulu. Azimai anamenya nao nkhondo ija, koma m'mabuku a sukulu amapatsidwa mzere umodzi.

Ku Kabwata ndiye kofunika kukhalitsa. Ambiri timaganiza kuti Kabwata Cultural Village ndi msika wa azungu ogula ziboliboli. Koma tinyumba tozungulira tija ta udzu sitinamangidwe kuti tikongoletse zithunzi. Tinamangidwa ndi boma la atsamunda kuti muzigona anchito akuda, amuna okhaokha, chifukwa mkazi ndi ana anayenera kutsala kumudzi. Tambiri tinagwetsedwa m'ma 1970 pomanga ma flat, totsalato ndito tinasanduka malo a zamanja. Lowani m'kamodzi, tambasulani manja, muone ngati mungagonemo ndi banja. Ukatuluka mmenemo nkupita ku Chilenje House 394, kumene a Kaunda anakhala kuyambira January 1960 mpaka December 1962, umaona nyumbayo ndi maso ena. Ndi yaing'ono, Land Rover ya kampeni ili panja, ndipo Cha Cha Cha ya 1961 inayendetsedwa kuchokera m'tizipinda timeneto. Nsima tidya pa msika, osati pa mall. Masana tipita ku Lusaka National Park, kupitirira Bauleni, imene inatsegulidwa mu 2015. Muli mbidzi ndi nyamalikiti, ndipo ali kuno m'tauni ana ambiri amene sanaonepo tchire lopanda nyumba ndi mapulasitiki. Madzulo aliyense ali pa nyumba.

Ku Netherlands kuja Kalusha anali kusewera, anthu amadyera maulendo otere. Mlendo akatopa ndi Amsterdam, wotsogolera amamukweza m'kabasi m'mawa, kumuzunguza m'matauni ang'onoang'ono ndi m'midzi, madzulo nkumubweza. Amodzi mwa malo amene amanyadira ndi Kinderdijk, kufupi ndi Rotterdam, kumene kuli makina 19 oyendera mphepo, ambiri omangidwa cha m'ma 1740. UNESCO inawaika pa mndandanda wa chuma cha dziko lonse lapansi mu 1997. Nchito ya makina aja inali yotani? Kupopa madzi kuchoka pa malo otsika kuti anthu asamire. Kunena mosabisa, ndi drainage. Gawo lalikulu la dziko lawo lili pansi kuposa nyanja, ndipo nkhondo yawo yolimbana ndi madzi anaisandutsa nkhani imene mwana aliyense amaidziwa ndipo mlendo amalipira kuti aimve.

Wa ku Kanyama akumva kale kumene tikupita. Kanyama inakhala pa thanthwe la laimu lopanda chitsetso, madzi a pansi ali pafupi, ndiye mvula ikagwa alibe kothawira. Chigumula cha 1978 okalamba amachikumbukirabe, ndipo chaka chilichonse nkhani ndi yomweyo, mabutsi, njerwa zopondapo pakhomo, kenaka kolera. Sitikunena kuti tizitenga anthu kukajambula nyumba zomira. Tikunena kuti mtsikana wa ku Kanyama amene angaime pa dzenje la miyala ndi kufotokoza kuti thanthweli lili bwanji, madzi amayenda bwanji pansi, chimbudzi cha dzenje chimakumana bwanji ndi chitsime chosazama, ameneyo ndi wotsogolera alendo weniweni. Ndiponso ndi munthu wovuta kumunamiza kansala akabwera ndi chitenge pa nthawi ya mavoti. Phindu lalikulu la maulendowa kwa ife lili pamenepa, kuposa pa ndalama.

Pali ngozi imene tiyenera kuitchula. Ku Soweto ya ku South Africa zinayenda bwino pa Vilakazi Street, pamene pali nyumba ya Nelson Mandela, ndi pa museum ya Hector Pieterson yokumbutsa ana a sukulu a 1976. Anthu a komweko amatsogolera alendo, ena pa njinga, ndipo malo odyera ndi a eni dera. Koma kuli maulendo enanso, monga ena a ku Kibera ku Nairobi amene eni ake akhala akudandaula nawo, kumene mlendo amabwera kudzaona umphawi ngati akuona nyama ku Munda Wanga. Mwana wa mamina pa kamera, mai wochapa pa ngalande pa kamera, ndalama nkupita kwa kampani ya kumayadi. Komboni si zoo. Ndiye chifukwa chake tikuti tiyambe ife. Ulendo ukapangidwira mwana wa Grade 9 wa ku Mtendere, sungagulitse umphawi, chifukwa umphawi amaudziwa kale. Udzamuonetsa kumene Esther Phiri anakulira asanakhale katswiri wa nkhonya, udzamuuza kuti Paul Ngozi anali mwana wa Lusaka yomweyi. Mzungu akadzabwera pambuyo pake adzapeza ulendo uli kale ndi mwambo wake, ndipo kamera siidzalowa pakhomo la munthu popanda odi.

Wina anena kuti, "Mbiri siidyedwa, boyi, tifuna nchito." Zoona, ndipo sitikulonjeza kuti wina adzamanga nyumba ku Ibex ndi basi imodzi ya Loweruka. Koma onani kumene ndalama ya tsikulo imatsala: kwa dalaivala, kwa amai ophika nsima, kwa wotsogolera. Makasitoma aliponso kale. Tisukulu ta private tili m'komboni iliyonse ndipo timatolera ndalama za ulendo. Magulu a achinyamata a kutchalitchi amafuna kopita. A chilimba nao. Abale akabwera kuchoka ku Chipata kapena ku UK pa December timawapititsa ku Manda Hill kukaona mashopu amene kwao alinso, osadziwa ngakhale kuwauza kuti dzina la Manda Hill likukamba za manda, ndi kuti Lusaka yeniyeniyo inatenga dzina kwa mfumu ya mudzi, Lusaaka, pamene njanji inafika mu 1905.

Chovuta chenicheni ndi wotsogolera. Pakamwa pokoma tili napo ambiri, koma nchito iyi ifuna munthu wowerenga. Wotsogolera wopeka nkhani ndi woipa kuposa kusakhala naye, chifukwa ana 30 adzapita kunyumba ndi bodza lomwelo. Apite ku Lusaka National Museum, apite ku National Archives, akhale pansi ndi okalamba, ndipo pamene nkhani ili ya "akuti" anene kuti ndi ya "akuti". Asakambe mbali imodzi. Pa 3144 atchulenso a Harry Mwaanga Nkumbula ndi ANC yawo. Pa Chilenje akambenso za boma la chipani chimodzi, ndi za June 1990 pamene mtengo wa unga unakwera, ma student a pa UNZA nayamba zionetsero zimene zinafalikira m'makomboni, mpaka Mwamba Luchembe analengeza pa wailesi kuti asilikali atenga boma. Ndipo mu basi musalowe chitenge cha chipani chilichonse. Ma cadre akangogwira ulendo wotere, udzatha mwezi womwewo.

Nthawi siili kumbali yathu. Munthu amene anali ndi zaka 20 mu 1964 wapitirira kale zaka 80. Ife a pa wailesi timawamva akaimba foni pa pulogramu, amafuna kukamba, mphindi zimatha asanafike pakati pa nkhani. Foni iliyonse ili ndi chojambulira mau. Gulu limene lifuna kuyamba ulendo liyambe ndi zimenezo, ambuya asanu a m'dera, masana asanu, mafunso olembedwa pa pepala.

Kwa a National Heritage tipempha zazing'ono: chikwangwani pa msewu waukulu wa Matero cholozera ku 3144, cholembedwa m'Chinyanja ndi m'Chizungu, ndi nthawi yodziwika imene munthu angapeze malowa ali otsegula pa weekend. Tsiku loyesera basi yoyamba lili kale pa kalenda. Pa 28 April ndi holide ya Kenneth Kaunda, ndiponso ndi tsiku limene mabanja amasonkhana ku Heroes Acre kukumbukira a ku Gabon. Mvula imakhala itatha, ndipo minibasi ingalowe mu Kanyama popanda kukankha.