Za Mau Akuti "Kutsatsa"

Pa msika wa ku Migowi pafika anthu ndi matemba a ku Nyanja ya Chilwa, ena ndi nandolo. Wogulitsa akakweza malonda ake m'manja, naitana odutsa, nawatama mokweza mau, ameneyo ali kutsatsa. Ena amati kusatsa. Tanthauzo lake ndi limodzi.

Alipo ana amene ayesa kuti kutsatsa ndiko kunyenga. Iai, mauwa asiyana kutali. Wotsatsa aonetsa chimene ali nacho, nalola wogula kuchigwira ndi kuchinunkhiza, ndipo ntchito yake ilibe manyazi. Koma wonyenga aika matemba abwino pamwamba, ofumbwa pansi. Tsono mwana wotumidwa ndi amake, posadziwa kufukula mulu, abwerera kwao ndi ndiwo zosadyeka, ndalama itatha.