ULENDO WA PANSI M'MZINDA WA ZANZIBAR: ZAKUDYA ZACE NDI MBIRI YACE

Akuru anati: Safunsa anadya phula. Mwambi uwu ucenjeza munthu woponya m'kamwa cinthu cosacidziwa. Koma ucenjezanso iye amene adya zokoma masiku onse, wosafunsa konse kumene zinacokera ndi amene anazikhetsera thukuta. Mwezi uno tsono tiyeni ku Zanzibar, mzinda wa pa cisumbu ca Unguja m'dziko la Tanzania, kumene alendo ayenda pansi pambuyo pa namulondola, nalawa zakudya za mzindawo, namva mbiri yace. Mzinda umenewu tiyenera kuudziwa ife tonse, pakuti makolo athu ambiri anaponda m'makwalala ace. Koma iwo sanapiteko monga alendo okalawa zakudya iai.

Wocokera ku Dar es Salaam aoloka nyanja ya mcere pa sitima monga maora awiri. Cigawo cakale ca mzinda Aswahili acicha Mji Mkongwe, ndipo Angelezi ati Stone Town, cifukwa nyumba zace zinamangidwa ndi miyala ya m'nyanja ndi njereza. Makwalala ace ambiri ngopapatiza, kotero kuti galimoto silowamo. Akhota uku ndi uko monga njira za mbewa m'munda, ndipo mlendo woyenda yekha sacedwa kusokera. M'caka ca 2000 bungwe la UNESCO linalemba cigawo cimeneci m'gulu la malo oyenera kusungidwa ndi dziko lonse lapansi. Eni mzinda pafupifupi onse ndi Asilamu; cifukwa cace mlendo waulemu abvala zofika m'maondo, alandira cakudya ndi dzanja lamanja, ndipo mwezi wa Ramadani sadyera pakhwalala dzuwa likali m'mwamba.

Namulondola akonda kuyambira pa msika wa Darajani, umene unatsegulidwa m'caka ca 1904. Daraja m'Ciswahili ndiwo ulalo. Kale panali khwawa la madzi a mcere lolekanitsa nyumba za miyala za olemera ndi dera lochedwa Ng'ambo, ndiko kunena Tsidya, kumene anchito, amphawi ndi akapolo anali kukhala m'nyumba za dothi. Khwawalo analikwirira, ndipo lero pali mseu waukuru, koma maina aja atsala. Pamsikapo pali nsomba za m'nyanja ya mcere, ndi pweza, nyama ya m'madzi ya miyendo isanu ndi itatu. Pali nthoci zamitundumitundu ndi miulu ya ngole, ndizo kokonati. Monga amai kwathu kuno atendera ndiwo ndi nsinjiro, momwemo amai a ku Zanzibar apala ngole, nafinya madzi ace oyera, naphikira mpunga, nyemba, nsomba ndi masamba a cinangwa.

Kuseri kwa nsomba kuli ogulitsa zonunkhira. Apa namulondola aika m'dzanja la mlendo tinthu tating'ono, nati: Nunkhizani. Aka ndi tsabola wakuda, aka ndi iliki, ndipo kwao kwa zonse ziwiri ndi ku India. Aka ndi mdalasini, khungwa la mtengo wa ku Sri Lanka. Nanga zinafika bwanji pa cisumbu ca Afrika? Inu a kunyanja mudziwa mpoto ndi mwera. Nyanja yaikuru ija iri nazonso mphepo zace ziwiri: kaskazi, youmba kucokera kumpoto kuyambira December kufikira March, ndi kusi, youmba kucokera kumwera kuyambira April. Kaskazi inali kukankha zombo za matanga kucokera ku Arabia, ku Persia ndi ku India. Amalonda nakhala miyezi ingapo padooko kulindira kusi kuti iwabweze kwao. Polindirapo anali kuphika monga kwao, ena nakwatira komweko, ndipo maphikidwe ao analowa m'miphika ya eni dziko.

Pa zonunkhira zonse mfumu yace ndi karafuu, imene Angelezi ati clove. Iri ngati kamsomali kakang'ono kofiirira, ndipo ndilo duwa la mtengo lochola lisanamasule. Anthu akwera mumtengo, nathyola ndi manja, nayanika pamphasa masiku angapo kufikira lida. Mtengowo kwao ndi ku zisumbu za Maluku m'dziko la Indonesia, ndipo unafika ku Zanzibar zaka za m'ma 1810. Seyyid Said, mfumu ya ku Oman, amene anasamutsira likulu lace ku Zanzibar monga caka ca 1840, anakakamiza eni minda kuubzala, kufikira zisumbu za Unguja ndi Pemba zinapambana maiko onse pa malonda a karafuu. Namondwe wa 1872 anagwetsa mitengo yambiri pa Unguja, ndipo kuyambira pomwepo yocuruka icokera ku Pemba.

Pamenepa mlendo wanzeru afunse funso limene ambiri alilumpha: Kodi manja othyola maluwa onsewo anali a yani? Namulondola woona mtima sayankha ndi mau okha, koma atsogolera alendo kamtunda kakang'ono kufika pa Mkunazini. Pamenepo panali msika wa akapolo, pamene anthu anali kuwaika m'mizere, kuwayang'ana mano ndi kuwayesa mphamvu monga ayesa ng'ombe. Ena anawatumiza kutsidya kwa nyanja, ndipo ambiri anawatengera ku minda ya karafuu ndi ya ngole.

Ambiri a iwo anali a kwathu kuno. Zaka za m'ma 1840 Mswahili wina, Salim bin Abdallah, anakhazikika ku Nkhotakota, nakhala Jumbe woyamba. Zombo zace zinali kuolotsa anthu pa nyanja yathu, ndipo kutsidyako anayenda miyezi itatu kapena inai, goli liri m'khosi, ena atasenza minyanga ya njobvu, kufikira ku Kilwa, kumene zombo zina zinawatengera ku Zanzibar. Odwala ndi ofooka anatsala m'njira. Tisanamizane, abale: amalondawo sakadakhoza okha. Panali mafumu a kuno othira nkhondo midzi ya anzao cifukwa ca nsaru, mikanda, mfuti ndi onga. Panalinso eni mbumba opereka mwana wa mlongo wao polipira mlandu, kapena posinthana ndi cakudya nthawi ya njala.

Msikawo unatsekedwa mwezi wa June 1873, pamene Sultani Barghash anabvomera pangano ndi Angelezi, patapita mwezi umodzi David Livingstone atamwalira kwa Chitambo, m'dziko limene lero ndi Zambia. Amishoni a Anglican analandira malowo, naika mwala woyamba wa chalichi ca Christ Church pa Krisimasi wa caka comweco, ndipo Episkopi Edward Steere ndiye anayang'anira nchito yomanga. Anthu ati guwa la nsembe liri pamene panali mtengo womangapo akapolo powakwapula. M'katimo muli mtanda wosema ku mtengo umene mtima wa Livingstone unakwiriridwa patsinde pace. Mmodzi wa otsogolera onyamula mtembo wace kufika kunyanja ya mcere anali James Chuma, Myao, amene Livingstone ndi anzace anammasula m'goli akali mnyamata ku mapiri a Shire m'caka ca 1861. Kunja kwa chalichi kuli dzenje, ndi m'menemo mafano asanu a anthu omangidwa unyolo m'khosi, amene Clara Sörnäs wa ku Sweden anawapanga m'caka ca 1998. Alendo awaonetsanso tizipinda ta pansi pa nyumba ina ya pambali, nawauza kuti ndimo anali kutsekera akapolo. Koma akatswiri ena a mbiri akana, nati nyumbayo inamangidwa msika utatsekedwa kale. Coonadi ca malo amenewa ncowawa cokha, sicisowa kuonjezera.

Kutsekedwa kwa msika sikunathetse ukapolo tsiku lomwelo. Malonda anapitirira mobisa. Jumbe wotsiriza anamcotsa ku Nkhotakota m'caka ca 1894, ndi Mlozi anamgonjetsa ku Karonga m'caka ca 1895. Pa zisumbuzo lamulo lolola kapolo kupempha ufulu wace linadza m'caka ca 1897, ndipo ukapolo unathetsedwa kotheratu m'caka ca 1909.

Dzuwa litafika paliombo, namulondola alowetsa alendo m'nyumba yodyera, nawaikira pilau. Umenewu ndi mpunga wophika mu msuzi wa nyama pamodzi ndi anyezi, tsabola wakuda, iliki, mdalasini ndi karafuu. Ndiwo cakudya ca ukwati, ca maliro ndi ca masiku akuru. Maphikidwe ace anadza ndi zombo zija za ku Persia ndi ku India. Pambali pace pali cinangwa cophika ndi madzi a ngole. Cinangwa, cimanga ndi tsabola wofiira kwao ndi ku America, ndipo Apwitikizi ndiwo anayamba kuziolotsera ku Afrika. Masiku a minda ya karafuu mbuye anali kudya mpunga, kapolo nadya cinangwa cimene anadzilimira yekha pa masiku owerengeka amene mbuye wace anamlekera. Lero mbale ziwirizo zikhala pa gome limodzi, ndipo mwana sazindikira kuti kale zinali za anthu awiri osadyera pamodzi. Ngakhale nsima yathu ikhudzidwa ndi ulendo umenewu: Aswahili acha Aarabu a ku Oman Wamanga, ndi tsabola wakuda ati pilipili manga, ndipo ophunzira ena aganiza kuti dzina lathu lakuti cimanga litanthauza mbeu yocokera kwa anthu amenewo. Mpunga wa ku Nkhotakota nawonso unakula mbiri m'masiku a Ajumbe.

Atadya, alendo apyola pa bwalo laling'ono lochedwa Jaws Corner, pamene amuna akhala pa makhonde a miyala, namwa khofi wowawa wopanda shuga m'tizikho tating'ono, nalumako kashata, ndico cotsekemera ca ntedza kapena ca ngole. Kucokera apo nsanja ziwiri za chalichi cacikuru ca Yosefe Woyera siziri kutali. Bambo Armand Fava anafika ku Zanzibar kucokera ku cisumbu ca Réunion m'caka ca 1860, ndipo Abambo a Mzimu Woyera analandira nchitoyo m'caka ca 1863. Iwo anali kupita ku msika uja ndi ndalama zopereka Akristu a ku Ulaya, naombola ana, makamaka odwala amene ogula anawanyoza. M'caka ca 1868 anawatsegulira mudzi ku Bagamoyo. Chalichico cinayamba kumangidwa m'caka ca 1893. Abambo Oyera oyamba opita ku nyanja zazikuru za m'kati mwa Afrika anatsikanso pa dooko la Zanzibar m'caka ca 1878.

Kumadzulo njira ituruka kunyanja. Pamenepo pali linga lakale, limene Aarabu a ku Oman analimanga atapitikitsa Apwitikizi monga caka ca 1698, pa malo pamene panali chalichi cao. Pambali pace pali nyumba yaitali ya Beit al Ajaib, Nyumba ya Zodabwitsa, imene Barghash anaimanga m'caka ca 1883, ndipo mbali yace ina inagwa mwezi wa December 2020. Patsogolo pa zonsezi pali munda wa Forodhani. Dzuwa likalowa ophika ayala magome, nayatsa nyali ndi makala; aocha nyama ya pa timitengo, nsomba ndi pweza, nafinya nzimbe pamodzi ndi ndimu. Cakudya cokondedwa ndi eni mzinda ndi urojo, msuzi wowawasa wa ufa, cikasu ndi mango aawisi kapena ndimu, m'mene athiramo mbatata ya kacewere, tizitumbuwa ta nyemba ta Amwenye, dzira, cinangwa cokazinga ndi tsabola. M'mbale imodzi yomweyo India, America ndi Afrika akomana.

Koma Forodhani ndiko kunena pa nyumba ya msonkho, pakuti pa gombe limenelo ndipo anali kutsitsa akatundu a m'zombo. Livingstone analemba m'buku lace la 1865 kuti Rigby, kazembe wa Angelezi pa cisumbupo, anamuuza kuti akapolo 19,000 ocokera ku dziko la Nyasa lokha anali kupyola pa nyumba ya msonkho ya Zanzibar caka ndi caka. Munthu aliyense anamlipirira msonkho monga alipirira mtolo wa nsaru. Pamene ana a lero aseka ndi kudumphira m'nyanja, pomwepo ana a makolo athu anatsika m'combo, osadziwa cinenero, osadziwa kumene apita.

Sindinena izi kuti mude anthu a ku Zanzibar. Ambiri a iwo ndi zidzukulu za otengedwa omwewo, ndipo mwina amene akuphikirani urojo ndi mbale wanu wa mwazi umodzi. Ndinena kuti mucenjere, pakuti madzi saiwala khwawa. M'caka ca 2024 mbiri inamveka ya akazi a ku Malawi oposa 50 amene ananyengedwa ndi lonjezo la nchito yabwino ku Oman, nalandidwa ziphaso zao, nagwiritsidwa nchito ya m'nyumba mwankhanza. Wogula anthu wa lero sadza ndi goli. Adza ndi mau ozuna pa telefoni, ndipo kawirikawiri wompezera anthu ndi mnansi wa pamudzi pomwepo. Mwana wanu akalonjezedwa nchito ya kutali, funsani: Womlemba ndani? Cipangano calembedwa kodi? Ciphaso cace adzasunga ndani? Akafuna kubwera, adzabwera ndi ndalama za yani?

Ambiri a ife sitidzaoloka nyanja ya mcere. Koma mudzi uliwonse uli ndi anamulondola ace, ndiwo nkhalamba zodziwa pamene panali linga, phanga lobisalamo nthawi ya nkhondo, njira ya amalonda, ndi amene anabzala mtengo wa mango wa pabwalo. Inu atate ndi amai, tengani ana tsiku lina la Mulungu madzulo, muyende nao pambuyo pa gogo wao, afunse ndi kumva iye akali moyo. Ndipo pobwera, podalitsa nsima, muwaphunzitse kukumbukira amene analima, amene anasinja, amene anaphika, ndi iwo amene anacotsedwa pa mbale ya kwao osabweranso.