Musamunyoze Sammer, mphoto ya 1996 inali yake ndithu

Pali milandu ina ya mpira imene siitha ngakhale woimbira anaimba kalekale wezulo yomaliza. Umodzi mwa milandu yotereyi ndi wa mphoto ya Ballon d'Or ya chaka cha 1996. Mukangoiputa nkhaniyi pagulu la anthu okonda mpira, kaya ndi pamsika, kaya m'minibasi, kaya m'mahositelo a ana asukulu, sipalephera kudzuka munthu wina, mitsempha ya m'khosi itaima, kunena kuti Ronaldo wa ku Brazil anamubera. Akuti azungu anakondera mzungu mnzawo. Akuti zingatheke bwanji munthu wotseka kumbuyo, Matthias Sammer wa ku Germany, kuposa mnyamata amene ankadutsa anthu ngati akudutsa zitsa?

Ine ndikuti ayi, panalibe kuba pamenepa. Mphotoyo inapita kwa mwini wake. Amene akulira kuti kunali chinyengo akungoonetsa kachizolowezi kamene ambirife tili nako, koombera m'manja wogoletsa yekha, wotchinga n'kumuiwala ngati kulibe.

Tiyambe tamudziwa munthuyo. Sammer anabadwa mu 1967 mumzinda wa Dresden, m'dziko limene panthawiyo linkatchedwa East Germany, la ulamuliro wachikomyunizimu. Bambo ake, Klaus Sammer, anasewerapo komanso kuphunzitsapo timu ya Dynamo Dresden, ndipo mwanayo anakulira momwemo. Chimene ambiri sadziwa n'chakuti iyeyu sanayambe ngati wotseka kumbuyo. Anayamba kutsogolo ngati womwetsa zigoli, kenako anabwerera pakati. Ali ku Dresden anatenga ligi ya dzikolo mu 1989 ndi mu 1990.

Khoma la Berlin litagwa mu Novembala 1989, dziko lake linayamba kusungunuka iye akuona. Pa 12 Sepitembala 1990 timu ya East Germany inali ndi masewero ake otsiriza, ndi Belgium mumzinda wa Brussels, patangotsala masabata atatu kuti maiko awiri a Germany akhale limodzi. Osewera ambiri otchuka, ena atapeza kale matimu a ndalama kumadzulo, anapereka zifukwa zosiyanasiyana n'kukana kubwera. Nanga munthu angathyolerenji mwendo dziko loti mawa kulibe? Mphunzitsi Eduard Geyer anangopeza anthu 14 basi. Sammer, amene anali atalowa kale timu ya Stuttgart, anabwera, anavala lamba wa kaputeni, ndipo anagoletsa zigoli zonse ziwiri pamene anagonjetsa Belgium 2-0. Khalidwe la munthu limaoneka tsiku lotere, loti ntchito ilipo koma womuthokoza palibe.

Mu Disembala chaka chomwecho anakhala woyamba wochokera kum'mawa kusewera m'timu ya Germany yogwirizana, pa masewero ndi Switzerland. Mu 1992 anatenga ligi ndi Stuttgart. Kenako anapita ku Inter Milan ku Italy, kumene zinthu sizinamuyendere. Anagoletsako zigoli zinayi m'masewero 11 a ligi, koma moyo wa kumeneko sanauzolowere, ndipo patangotha miyezi yochepa, kuchiyambi kwa 1993, anabwerera kwawo kukalowa Borussia Dortmund. Ena angati kumeneko kunali kulephera. Chabwino, tivomere. Komatu kubwererako n'kumene kunabala Sammer amene tikukambayu.

Ku Dortmund mphunzitsi Ottmar Hitzfeld anamubwezera kumbuyo kwenikweni, pamalo amene amati libero. Achinyamata a masiku ano malowa sakuwadziwa chifukwa matimu anasiya kusewera motero. Libero analibe munthu wake womugwira. Ankaima kumbuyo kwa otchinga anzake, kuwerenga kumene mpira ukulowera, kutseka mpata asanauone mdani, kutola zonse zimene anzake ataya. Akalanda mpira sankangoumenyera kutsogolo kuti zimuchoke ayi. Ankanyamuka nawo yekha, kudutsa pakati, kukawonjezera chiwerengero kutsogolo, nthawi zina n'kukagoletsa. Ntchito za anthu atatu pa munthu mmodzi: mlonda, kapitawo ndi womalizitsa. Popeza Sammer anasewerapo malo onsewa, ankadziwa zimene wakutsogolo akuganiza asanaziganize. Mu 1995 Dortmund inatenga ligi ya Germany koyamba chichokere 1963.

Tsono tiwerengere chaka cha mkanganocho, poti mphotoyi inkaperekedwa poona zimene munthu wachita m'chaka chimenecho, osati zimene adzachite mtsogolo.

Mu 1996 Sammer anatenganso ligi ndi Dortmund, kachiwiri motsatizana. Kenako kunabwera mpikisano wa maiko a ku Ulaya, Euro 96, ku England. Timu ya Germany ya mphunzitsi Berti Vogts inali ngati wodi ya m'chipatala. Jürgen Kohler, chipilala cha kumbuyo, anavulala m'masewero oyambirira enieni ndipo sanasewerenso. Jürgen Klinsmann anavulala mu ndime ya makotafainolo n'kuphonya masewero a England. Pofika ndime yomaliza Andreas Möller ndi Stefan Reuter anali oletsedwa kaamba ka makadi. Koma timu yopunduka chonchi inangochinyidwa zigoli zitatu zokha m'masewero asanu ndi limodzi, ndipo m'ndime ya m'magulu siinachinyidwe olo chimodzi. Amene ankayendetsa kumbuyoko anali Sammer. Si zokhazo. Ndiye anatsegula zigoli pamene anakwapula Russia 3-0. Ndiyenso anagoletsa chigoli chopambanitsa pamene anatulutsa Croatia 2-1 pa Old Trafford. Pa 30 Juni, pa Wembley, Germany inagonjetsa Czech Republic 2-1 ndi zigoli ziwiri za Oliver Bierhoff, ndipo Sammer anasankhidwa kukhala wosewera bwino koposa pa mpikisano wonsewo.

Sindikunena kuti anali mngelo. Otsutsa ali ndi mfundo ziwiri zoona. Pa masewero ndi Italy anataya mpira pamalo oipa, zimene zinabala penate, mwamwayi goloboyi Andreas Köpke anagwira mpira wa Gianfranco Zola. Pa fainolo, penate imene Patrik Berger anagoletsa inadza chifukwa Sammer anagwetsa Karel Poborský. Koma taonani mmene timaweruzira. Wotchinga akalakwitsa kawiri pa mwezi wathunthu, timazikumbuka mpaka lero. Wakutsogolo akaphonya kasanu pa masewero amodzi n'kugoletsa kamodzi, timamunyamula pamapewa. Kodi chilungamo chili pati pamenepa?

Nanga Ronaldo anachita chiyani mu 1996? Miyezi yambiri yoyambirira ali ku PSV Eindhoven anavutika ndi bondo, ngakhale timu yakeyo inatenga chikho cha dziko la Netherlands. Ku masewero a Olimpiki ku Atlanta anagoletsa bwino, koma Brazil inatulutsidwa ndi Nigeria 4-3 mu semifainolo, Nwankwo Kanu atachita zake zija, n'kungobwerako ndi mendulo ya nambala 3. Atalowa Barcelona pansi pa Bobby Robson ndi pamene moto unayaka, ndipo chigoli chimene anagoletsa Compostela mu Okutobala, atakokedwa malaya koma osagwa, aliyense wochiona amagwira pakamwa. Palibe akukana kuti mnyamatayo, wa zaka 20 zokha, anali chodabwitsa. Koma imeneyo inali miyezi inayi. Zigoli 47 zimene anthu amakonda kutchula ndi za nyengo yonse ya 1996/97, ndipo zambiri ndithu mwa izo zinalowa chaka cha 1997 chitayamba kale. Chaka chimenecho mphoto anamupatsa, anamupatsanso mu 2002. Wina anakolola chaka chonse, wina munda wake unali utangoyamba kubiriwira. Mungapereke bwanji mphoto ya zokolola kwa amene chimanga chake chikadali m'munda?

Za tsankho nazo tiziyeze bwino. Tsankho mu mpira wa ku Ulaya lilipo, limenelo sitingabise. Koma amene amavotera mphotoyi, atolankhani osankhidwa ndi magazini ya France Football, ndi omwewo amene mu 1995 anaipereka kwa George Weah wa ku Liberia, chaka choyamba chimene osewera osakhala a ku Ulaya analoledwa kupikisana nawo. Ndi omwewonso amene anaipereka kwa Ronaldo mu 1997. Ndiye tinene kuti tsankho linawagwira chaka chimodzi chokha chapakatichi, n'kuwasiya? Komanso Sammer ndi Ronaldo anasiyana mavoti ochepa zedi, kusonyeza kuti Ronaldo sanamunyalanyaze.

Ngati pali tsankho pa mphotoyi, ndiye ndi losala otseka kumbuyo. Chiyambire mu 1956, otchinga enieni amene anailandirapo ndi atatu okha: Franz Beckenbauer mu 1972 ndi 1976, Sammer mu 1996, ndi Fabio Cannavaro wa ku Italy mu 2006. Goloboyi ndi mmodzi yekha, Lev Yashin, mu 1963. Mu 2019 Virgil van Dijk anatenga Champions League ndi Liverpool koma anathera pambuyo pa Lionel Messi. Mu 2024 itapita kwa Rodri, wosewera pakati motchinga, a Real Madrid ananyanyala mwambo wonse poti iwo ankayembekeza Vinícius Júnior. Pafupifupi theka la timu iliyonse ntchito yake ndi kuletsa zigoli, koma theka limeneli likangolandira kamodzi pa zaka khumi kapena makumi awiri, dziko lonse likuti kwabedwa. Eti abale, wakuba ndani pamenepa?

Akuluakulu anati chitsime chimadziwika kuya chikaphwa. Mu Meyi 1997 Sammer anatenga Champions League ndi Dortmund atagonjetsa Juventus 3-1 ku Munich, Juventus yake ya Zinedine Zidane ndi Alessandro Del Piero. Miyezi yochepa pambuyo pake anachitidwa opaleshoni ya bondo, pabalapo panalowa tizilombo tosamva mankhwala, ndipo zinafika poopsa. Chichokere Okutobala 1997 sanasewerenso mpira wa ligi. Anali ndi zaka 30 zokha. Anasiya atasewerera East Germany masewero 23 ndi Germany yogwirizana masewero 51.

Onani tsono zimene zinatsatira. Pa World Cup ya 1998 ku France, Germany inachita kuitana Lothar Matthäus, wa zaka 37, kuti adzatseke dzenjelo. Inakumananso ndi Croatia yomwe ija mu kotafainolo, n'kukwapulidwa 3-0. Pa Euro 2000 inatuluka m'ndime ya m'magulu osapambana olo masewero amodzi, Matthäus akadali pomwepo ndi zaka 39. N'zoona kuti timuyo inali itakalamba, n'zoonanso kuti tsiku la Croatia lija Christian Wörns anapatsidwa kadi yofiira. Sindikuti munthu mmodzi akanachiritsa zonse. Koma dziko la osewera ambirimbiri ngati Germany kusowa wolowa m'malo mwake mpaka kukadzutsa nkhalamba, umenewo ndi umboni woposa mavoti a atolankhani.

Ndipo chimene chinkamusiyanitsa ndi anzake chinali m'mutu, chifukwa bondo litatha mutuwo unapitiriza ntchito. Mu 2000 anakhala mphunzitsi wa Dortmund, ndipo mu 2002 anatenga nayo ligi ali ndi zaka 34. Kuyambira 2006 mpaka 2012 anali mkulu woona zamasewero ku bungwe la mpira la Germany, DFB. Ntchito yokonzanso mpira wa achinyamata inayamba iye asanafike, koma m'nthawi yake matimu a achinyamata a misinkhu itatu anatenga zikho za ku Ulaya mu 2008 ndi 2009. M'timu ya osapitirira zaka 21 ya 2009 munali Manuel Neuer, Mats Hummels, Jérôme Boateng, Sami Khedira ndi Mesut Özil, amene anadzatenga World Cup mu 2014. Kuchoka apo anapita ku Bayern Munich, kumene anali mkulu wa zamasewero pamene timuyo inatenga zikho zitatu mu 2013, mpaka anachokako mu 2016. Kwawo anamupatsa dzina loti Motzki, kutanthauza munthu wosachedwa kudandaula, poti ngakhale timu ipambane iye ankapezabe polakwika. Anthu otere sakondedwa, koma ndi amene amaona mng'alu khoma lisanagwe.

Mwina wina akufunsa kuti nanga ife za mzungu wa ku Dresden zikutikhudza chiyani? Zikutikhudza chifukwa maso amene timaonera mpira ndi omwewo amene timaonera ntchito. Inu a bizinesi, mnyamata wokuwa pakhomo la sitolo kuitana makasitomala mumamuona tsiku lililonse, ndipo bonasi imapita kwa iye. Koma amene amawerenga katundu madzulo, amene anakana kukongoza munthu wosabweza, amene anakagona pa katundu ku depoti kuti asabedwe, mumamukumbuka liti? Ndalama imene siinatayike siilembedwa m'buku lililonse, monganso chigoli chimene sichinalowe sichilembedwa pa bolodi. Mumadzamudziwa tsiku limene wachoka, mashelefu atayamba kuyera. Inunso ophunzira, amene mawa mudzakhale mabwana olemba anthu ntchito ndi kuwakweza, phunzirani kufunsa funso lachiwiri. Loyamba ndi lakuti wagoletsa ndani. Lachiwiri ndi lakuti mpirawo anaulanda ndani, ndipo anatseka ndani pamene ena onse anathamangira kutsogolo.

Ronaldo anali ndi luso loposa la Sammer, zimenezo sindikutsutsa, ndipo mbiri inamupatsa ulemu wake wonse. Koma mphoto ya 1996 inali ya ntchito ya mu 1996, ndipo chaka chimenecho wotseka kumbuyo anatenga ligi, anatenga chikho cha Ulaya ndi timu yodzaza ovulala, n'kugoletsanso pamene ogoletsa anasowa. Mukadzayambanso mkanganowu pamsika, bwerani ndi zimene Ronaldo anapambana chaka chimenecho, muziike pambali pa za Sammer, tiwerengere limodzi.