Mau aja a mu Kill Bill ni a ba Meiko Kaji

Imwe amene munatamba Kill Bill kangapo mpaka CD inayamba kudumpha, mukumbukila paja Uma Thurman agwetsa Lucy Liu na lupanga, nyimbo yachisoni ya chi Japan n'kuyamba? Aja ni mau a ba Meiko Kaji. Nyimbo ija Tarantino anaitenga mu Lady Snowblood, filimu ya 1973 mwamene ba Kaji ni mkazi wobadwila m'ndende, wokulila kubwezela amene anaononga banja la amai ake.

Anabadwa mu 1947 ku Tokyo, analowa kampani ya Nikkatsu mu 1965. Pofika 1970 anali kutsogolela magulu a atsikana ovuta a mumseu mu mafilimu a Stray Cat Rock. Manje mu 1971 ndalama zinavuta, TV inali itadya makasitomala, ndipo Nikkatsu inasankha kupanga mafilimu a kuchipinda, ochedwa Roman Porno. Ba Kaji anakana, n'kuchoka. Ganizani, mtsikana wa zaka 24, dzina langoyamba kumveka, asiya pamene amadyela.

Koma musaganize ati ku Toei kwamene anapita kunali ku chechi. Female Prisoner 701: Scorpion ya 1972 ili na zonse zamene mabwana anali kugulitsa: akazi m'ndende, kuvulidwa, kumenyedwa na magadi, magazi. Mbali zina ine zimanivuta kuyang'ana, osati za kutamba na ana pa sitting room. Chamene chinasiyana ni ichi: ba Kaji anapempha dailekita Shunya Ito kuti achotse mau ambili a Nami, mkaidi wamene anali kusewela. Anatsala na maso chabe. Mu filimu yachiwili mau ake mungawelenge pa zala, koma akakuyang'ana kupyola tsitsi lija, ngakhale gadi wa mfuti aoneka kamwana. Filimu inapangidwa kuti amuna adyetse maso, iye n'kuwabwezela diso lakuti uzimvela wekha nsoni.

Anasewela Scorpion kanai, 1972 na 1973, n'kusiya anthu akali kuifuna. Mu 1978 anatenga mphoto ya Blue Ribbon pa Sonezaki Shinju, filimu yopanda ndende olo imodzi. Kuchokela 1989 a ku Japan anamuzolowela pa TV ngati Omasa mu Onihei Hankacho.

Ngati data ilipo weekend ino, yambani na Lady Snowblood. Scorpion ibwele ana akagona.